Ren Osugi: kuchokera m'mafilimu a pinku kukafika kwa Takeshi Kitano. Mafunso ndi mayankho

Amene anaonera Hana-bi amamukumbukira ngati wapolisi wolumala, wokhala pa njinga yake m'mphepete mwa nyanja. Amene anaonera Shin Godzilla amamukumbukira ngati nduna yaikulu yosowa pogwira chilombo chikuphwasula Tokyo. Koma zaka zake zoyamba pamaso pa kamera anazithera m'mafilimu otchipa a akuluakulu okhaokha, amene ku Japan amawatcha pinku eiga. Mafunso ali m'munsiwa ndi amene okonda mafilimu a ku Japan amafunsa kawirikawiri za munthuyu komanso za ntchito imene inamusula.

Kodi Ren Osugi anali ndani?

Anabadwa pa 27 Seputembala 1951 ku Komatsushima, m'chigawo cha Tokushima pa chilumba cha Shikoku. Dzina lake lobadwa nalo linali Takashi Osugi. Anapita ku Tokyo kukaphunzira pa yunivesite ya Meiji koma sanamalize. Mu 1974 analowa gulu la zisudzo la Tenkei Gekijo, mu 1980 anaoneka koyamba mufilimu, ndipo dziko lonse la Japan linayamba kumudziwa bwino ali ndi zaka zoposa 40. Anamwalira pa 21 Febuluwale 2018 ali ndi zaka 66, ntchito ikadali m'manja.

Mafilimu a pinku ndi otani? Si olaula basi?

Ndi mafilimu ankhani, oonetsedwa m'nyumba za sinema zololedwa akuluakulu okha, okhala ndi magawo a kugonana koyerekezera. Osewerawo sagonana zenizeni ndipo kumaliseche sikuoneka. Amasiyana ndi makanema olaula a pa vidiyo otchedwa AV, amene anayamba kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1980 ndipo ankagulitsidwa kapena kubwerekedwa kuti munthu akaonere kunyumba.

Olemba mbiri ambiri amati pinku inayamba mu 1962 ndi filimu ya Satoru Kobayashi yotchedwa Nikutai ichiba. Inali nthawi imene wailesi ya kanema inali italowa m'makomo ndipo anthu opita kusinema anali kuchepa chaka ndi chaka. Makampani aang'ono anaona kuti pali chinthu chimodzi chimene wailesi ya kanema singaonetse, n'kugwira pomwepo. Pofika pakati pa zaka za m'ma 1960 ankatulutsa mafilimu oposa 200 pa chaka. Mayina a makampani amene mudzawaona kawirikawiri ndi Okura Eiga, Shintoho Eiga, Kokuei ndi Million Film.

Pali chinthu china chosafunika kuchibisa. Ambiri mwa mafilimuwa anali achabechabe, ndipo ochuluka ankasandutsa kugwiririra ndi kuzunza akazi kukhala chosangalatsa oonera. Kuti m'menemo munatuluka akatswiri sikufafaniza zimenezo.

Filimu ya pinku inkapangidwa bwanji?

Apa m'pofunika kukhalapo pang'ono, chifukwa munthu sangamvetse kaseweredwe ka Osugi asanamvetse mmene ntchito inkayendera.

Kampani inkapereka kwa dairekitala ndalama zoikika, kawirikawiri pakati pa mayeni 3 miliyoni ndi 3.5 miliyoni, ndipo chiwerengerochi chinakhala pafupifupi chimodzimodzi kwa zaka makumi angapo, zinthu zikukwera mtengo. M'ndalama zomwezo mumayenera kutuluka zonse: malipiro a osewera ndi ojambula, filimu ya 35mm yoika m'kamera, kuitsuka kulabu, zoyendera, chakudya, kulumikiza magawo ndi kuika mawu. Akapitirira bajeti, dairekitala ankalipira za m'thumba mwake. Akasunga, chotsalacho ndicho chinali malipiro ake.

Kujambula kunkatenga masiku atatu kapena anayi, nthawi zina asanu. Filimu yomalizidwa inkakhala ya pafupifupi ola limodzi, chifukwa nyumba za sinema zinkaonetsa mafilimu atatu motsatizana pa tikiti imodzi. Lamulo la kampani linali lakuti gawo la kugonana lizibwera pafupifupi mphindi khumi zilizonse, kutanthauza magawo asanu kapena asanu ndi limodzi. Pakati pa magawowo dairekitala ankasiyidwa kuchita zimene akufuna. Wina ankaikamo nthabwala, wina ndale, wina nkhani yaupandu, ndipo kampani sinkalabadira bola chiwerengero chakwana.

Mawu sankajambulidwa pamalo. Makamera amene ankagwiritsa ntchito anali opepuka koma aphokoso, ndipo kulemba munthu wa maikolofoni kukanadya ndalama ndi nthawi. Kujambula kukatha, osewera ankasonkhana m'situdiyo yaing'ono n'kulankhula mawu awo akuyang'ana zithunzi zawo, ntchito imene kumeneko amaitcha afureko.

Zimene zinkavuta zinali zodziwika. Filimu ya m'kamera inali yoyeza, choncho wosewera akalakwitsa kawiri katatu, gawo lina la kumapeto linkasowa pojambulira, n'kulifupikitsa kapena kulichotseratu. Wosewera akasintha mawu pamalo ojambulira koma wina osalemba zimene wanena, pa tsiku la afureko milomo ndi mawu zinkasemphana. Mvula ikagwa, nkhani inkalembedwanso pomwepo kuti ichitikire m'nyumba, popeza tsiku loonjezera kunalibe. Magawo a m'misewu ndi m'sitima ankajambulidwa mozemba, popanda chilolezo, ndiye aliyense ankayenera kugwira gawo lake ulendo umodzi gulu lisanathamangitsidwe. Nyumba zojambuliramo nthawi zambiri zinkakhala za anzawo kapena zipinda za mahotela obwereka pa maola.

Ngati kumaliseche sikuoneka, ankabisa bwanji?

Gawo 175 la malamulo a milandu a ku Japan limaletsa kufalitsa zolaula, ndipo filimu iliyonse yopita kusinema imadutsa ku bungwe la Eirin, lounika mafilimu. M'zaka zimene tikukambazi, ngakhale tsitsi la kumaliseche silinkaloledwa kuoneka.

Osewera ankamata kansalu kogwiridwa ndi tepi, kotchedwa maebari. Wojambula ankaika kamera mwakuti botolo, nyale ya patebulo, duwa kapena bondo la wosewera litchinge pamalo oyenera. Njira ina inali kupaka chifunga pa chithunzi kulabu, koma imeneyi inali yodula, motero pinku inkadalira kwambiri kutchinga ndi zinthu. Kwa wosewera izi zikutanthauza kuti gawo looneka ngati lotayirira linali loyezedwa mpaka pa sentimita. Akasuntha chiuno pang'ono kupitirira pamene anauzidwa, chithunzicho chaonongeka, ndipo ngati cholakwacho chaoneka filimu itafika kale ku Eirin, gawolo linkadulidwa.

Nanga Roman Porno ya Nikkatsu ndi chinthu chomwecho?

Ayi, ngakhale anthu akunja amazisakaniza. Nikkatsu ndi kampani yaikulu, yakale kwambiri mwa makampani a mafilimu a ku Japan, yoyamba mu 1912. Itatsala pang'ono kugwa, mu Novembala 1971 inatembenukira ku mafilimu a akuluakulu, kuyamba ndi Danchizuma: hirusagari no joji, momwe munasewera Kazuko Shirakawa, amene anachokera ku pinku. Mndandandawo unapitirira mpaka 1988 ndipo unatulutsa mafilimu pafupifupi 1,100.

Kusiyana kwake kunali pa zipangizo. Nikkatsu inali ndi situdiyo zake, akalipentala ake, akatswiri a magetsi olembedwa ntchito yokhazikika, bajeti ya pafupifupi mayeni 7.5 miliyoni pa filimu ndi masiku okwana ngati khumi ojambulira. Ukulu wakewo unaikokeranso apolisi: mu 1972 analanda mafilimu ake angapo n'kutsegula mlandu, umene unatha ndi chigamulo chakuti oimbidwa mlandu alibe mlandu mu 1978, ndipo khoti la apilo linagwirizana nazo mu 1980. Osugi kwawo kunali kumbali ya makampani aang'ono aja, kwa masiku atatu ndi filimu yoyeza.

Munthu wa zisudzo zaulemu analowamo bwanji?

Tenkei Gekijo, motsogozedwa ndi Shogo Ota, linali gulu lolemekezeka kwambiri koma losalemeretsa munthu. Linkadziwika ndi zisudzo zopanda mawu. Sewero lake lotchuka, Mizu no eki la mu 1981, lili ndi mpopi wothonya madzi pakati pa nsanja, ndipo apaulendo amabwera mmodzimmodzi, kumwa, kusamba, kukumana, kudutsa, osalankhula liwu ndi limodzi lomwe. Amayenda pang'onopang'ono kwambiri, mamita awiri pa mphindi ngati zisanu. Osugi anali mmodzi mwa mizati ya gululi ndipo anayenda nalo kumaiko akunja.

Zisudzo zamtunduwu sizilipira lendi. Osewera a magulu aang'ono a ku Tokyo ankakhalira maganyu, ndipo pinku inali ganyu yabwino kwa iwo: masiku ochepa, malipiro apompopompo, komanso ntchito yake n'kusewera komwe. Madairekitala a pinku nawonso ankafuna amuna odziwa kusewera koma osadula. Mu 1980 Banmei Takahashi anamupatsa mbali mufilimu ya Shintoho yotchedwa Kinbaku ikenie, ndipo kuyambira apo Osugi anayenda njira ziwiri nthawi imodzi kwa zaka zingapo. Mwezi wina ali pansanja akuyenda mamita awiri pa mphindi zisanu, mwezi wina akumaliza filimu yathunthu m'masiku atatu.

Ndi mafilimu ati a pinku amene ali ofunika pa mbiri yake?

Atatu ndi okwanira kuonetsa kukula kwa luso lake.

Renzoku bokan ya mu 1983, ya Yojiro Takita, ndi nkhani yaupandu. Osugi akusewera munthu woyendetsa makina oonetsera mafilimu m'nyumba ya sinema, amene akuzindikira kuti filimu imene akuonetsa ikufotokoza mlandu umene iye mwini anapalamula kalekale. Ndi filimu yankhanza, koma yomangidwa mwaluso.

Chaka chomwecho anasewera mu Kyokon densetsu: utsukushiki nazo ya Genji Nakamura, imodzi mwa mafilimu oyambirira a pinku opangira amuna okondana ndi amuna anzawo. Mbali yake ndi yoseka wolemba mabuku Yukio Mishima ndi kagulu kake ka asilikali.

Yachitatu, yomwe ambiri amayamba nayo, ndi Hentai kazoku: aniki no yomesan ya mu 1984, filimu yoyamba ya Masayuki Suo. Suo anaijambula motsanzira Yasujiro Ozu, dairekitala wotchuka wakale wa ku Japan: kamera pansi pafupi ndi mkeka, yosasuntha, anthu akulankhulana atayang'ana kutsogolo. Osugi, ali ndi zaka 32 zokha, akusewera bambo wokalamba wamasiye, akutsanzira mayankhulidwe odekha ndi kamwetulidwe ka Chishu Ryu, wosewera wa Ozu. Nthabwala yonse yagona pa iye. Akanangokokomeza pang'ono, ikanasanduka chipongwe wamba. Iye akuisewera moona mtima, mpaka woonera amayamba kumumvera chisoni mkuluyo. Filimuyi inapangidwa ndi Kokuei, kampani imene inkayendetsedwa ndi mayi Keiko Sato, amene pa mafilimu ankalembedwa ndi dzina lachimuna lakuti Daisuke Asakura.

Anaphunziramo chiyani chenicheni?

Choyamba n'kufika wokonzeka ndi kugwira gawo ulendo woyamba. Pa filimu yaikulu wosewera amatha kufufuza khalidwe la munthu amene akumusewera pobwereza kasanu kapena kakhumi. Pa pinku ankayenera kusankha asanayatse kamera: munthuyu amayenda bwanji, manja amawaika pati, amayang'ana anthu m'maso kapena ayi.

Chachiwiri n'kudziwa malire a chithunzi. Amene wazolowera kubisala kuseri kwa botolo amadziwa nthawi zonse pamene kamera ili ndi chimene ikuona. Chachitatu n'kusintha msanga, popeza sabata ino ndiwe wakupha, sabata yamawa mphunzitsi, inayo nkhalamba, ndipo zovala mwina wabwera nazo wekha.

Koma chimene chinamusiyanitsa ndi amuna ena ambiri a pinku chinachokera kwa Ota. Munthu amene watha zaka zoposa khumi pansanja osalankhula amadziwa kudzaza chithunzi atangokhala chete. Mu pinku, momwe mawu ankaikidwa pambuyo pake, thupi ndi nkhope ndizo zinkanyamula nkhani pamalo ojambulira, ndiye maphunziro awiriwa anagwirizana bwino kuposa mmene munthu angaganizire.

Pali chachinayi chimene si luso koma n'chofunika mofanana: anthu. Achinyamata amene ankanyamula zingwe ndi kutsogolera mafilimu otchipawa ndi omwe anadzakhala madairekitala akuluakulu m'zaka za m'ma 1990, ndipo ankamudziwa kale.

Chinachitika n'chiyani pakati pa 1988 ndi 1993?

Mu 1988 Ota anathetsa Tenkei Gekijo. Chaka chomwecho Nikkatsu inasiya Roman Porno, ndipo nyumba za sinema za akuluakulu zinali kutsekedwa chifukwa vidiyo inali italanda makasitomala. Osugi anapezeka ali ndi zaka 37, ali ndi banja, alibe gulu.

Chimene chinamugwira dzanja ndi msika watsopano wa mafilimu opita mwachindunji kumashopu obwereketsa matepi, umene kampani ya Toei inautsegula mu 1989 pa dzina la V-Cinema. Ambiri anali a zigawenga za yakuza, ojambulidwa mofulumira ndi ndalama zochepa, zimene kwa munthu wochokera ku pinku sizinali zachilendo. Ankapezanso timbali ting'onoting'ono pa wailesi ya kanema. Mu 1992 anasewera bwana wachisembwere mu Jigoku no keibiin ya Kiyoshi Kurosawa, momwe mlonda wakupha anaseweredwa ndi Yutaka Matsushige, wachinyamata wamtali amene anadzakhala mnzake wapamtima.

Anakumana bwanji ndi Takeshi Kitano?

Kudzera m'mayeso osankha osewera a Sonatine, filimu ya dairekitala Kitano yomwe inatuluka mu 1993. Mmene Osugi ankafotokozera yekha, anafika mochedwa, Kitano anangomuyang'ana kwa kamphindi, n'kumuuza kuti basi. Anabwerera akudziwa kuti walephera, koma patapita masiku anaitanidwa.

Mbali yake, ya chigawenga chotchedwa Katagiri, poyamba inali yaing'ono, yothera m'magawo a ku Tokyo. Kitano amadziwika kuti amasintha nkhani pamalo ojambulira, amauza osewera zochita nthawi yomweyo, ndipo sakonda kubwereza gawo kambirimbiri. Osewera ozolowera kuloweza mawu kwa masabata amasokonezeka naye. Osugi sanasokonezeke, pakuti umu ndi mmene anagwirira ntchito zaka zonse. Kitano anayamba kumuonjezera magawo, n'kumutenga ku Okinawa, ndipo Katagiri anakhala ndi moyo mpaka chakumapeto, pamene akufera m'chikepe zipolopolo zikuvumba.

Kuchokera apo anabwerera kwa Kitano mobwerezabwereza, mwa zina mu Brother ya 2000, Dolls ya 2002, Takeshis' ya 2005 ndi Outrage Coda ya 2017, momwe akusewera mkulu wa yakuza wodzikweza amene sanaloweko m'ndende ndipo anyamata ake amamunyoza mumtima.

Bwanji aliyense amatchula Hana-bi?

Chifukwa ndi pamene zonse zimene anaphunzira zikuonekera limodzi. Akusewera Horibe, wapolisi wofufuza amene waomberedwa ali pantchito n'kufa miyendo. Mkazi ndi mwana amuthawa. Akukhala yekha pafupi ndi nyanja, akuganiza zodzipha, kenaka akuyamba kujambula zithunzi ndi utoto umene mnzake wamutumizira. Zithunzi zimene zikuoneka mufilimuyi, za nyama zokhala ndi mitu ya maluwa, anazijambula ndi Kitano mwini atachita ngozi ya njinga yamoto mu 1994.

Onani gawo limene Horibe waima ndi njinga yake kutsogolo kwa shopu ya maluwa. Palibe mawu. Kamera ikungosinthana pakati pa maluwa, zithunzi zimene zikubadwa m'mutu mwake, ndi nkhope yake, mpaka misozi ikutsika. Wosewera wina akanapukusa mutu kapena kunjenjemeretsa milomo kuti tione kuti akumva ululu. Osugi sakuchita chilichonse mwa zimenezo.

Filimuyi inapata mphoto yaikulu ya Golden Lion ku Venice mu 1997 ndipo inaonetsedwa ku Japan mu Januwale 1998. Osugi analandira mphoto zingapo za wosewera wothandizira wopambana, kuphatikizapo ya Blue Ribbon ndi ya magazini ya Kinema Junpo. Anali ndi zaka za m'ma 46 ndi 47.

Dzina lakuti munthu wa nkhope 300 linabwera bwanji?

Ku Japan ankamutcha choncho chifukwa cha kuchuluka ndi kusiyanasiyana kwa mbali zake. Sankasankha ntchito potengera kukula kwa filimu. M'zaka zochepa zomwezo anali mkulu wa apolisi mu Cure ya Kurosawa mu 1997, wakupha wodwala khansa mu Postman Blues ya Sabu chaka chomwecho, bambo wopenga ndi zinthu zozungulira mu Uzumaki mu 2000, komanso munthu wotsekeredwa m'saka mu Audition ya Takashi Miike mu 1999, wodulidwa mapazi, lilime ndi zala. Ambiri amene anaonera Audition sadziwa n'komwe kuti anali iye. Pambuyo pake anadzakhala bambo, bwana ndi mkulu wa apolisi wa m'masewero osawerengeka a pa wailesi ya kanema, mdani wa ngwazi yotchedwa Kamen Rider m'mafilimu a ana, ndi nduna yaikulu mu Shin Godzilla ya mu 2016.

Kuvomera ntchito zambiri chonchi kuli ndi mtengo wake. Pa mndandanda wake pali mafilimu ambiri osakumbukika, ndipo m'ena akungobwereza zimene amadziwa kuti zimagwira. Mbali zotsogolera anazipeza zochepa.

Mbiri ya pinku sinamuonongere dzina?

Sinamuonongere, ndipo iye sankaibisa. Zifukwa zake zilipo. M'zaka za m'ma 1970 makampani akuluakulu anasiya kulemba ndi kuphunzitsa achinyamata ambiri monga kale, motero pinku ndi Nikkatsu zinatsala ngati khomo lalikulu lolowera m'ntchito ya mafilimu. Pamene theka la anthu a pamalo ojambulira anadutsa khomo lomwelo, palibe woloza mnzake chala.

Chifukwa china n'chosakoma kuchimva: anali mwamuna. Pa zikwangwani za pinku pankakhala nkhope ndi matupi a akazi. Amuna ankaoneka ngati othandizira, ndipo oonera ambiri sankasunga mayina awo. Mwamuna ankatuluka m'menemo ali ndi luso koma alibe chizindikiro pamphumi. Mkazi ankatuluka ndi zonse ziwiri, ndipo chizindikirocho n'chimene otsatsa malonda ndi mabwana a wailesi ya kanema ankayamba kuona.

Chitsanzo chomveka, ngakhale si cha pinku, ndi Ai no korida ya Nagisa Oshima ya mu 1976, momwe kugonana kunali kwenikweni ndipo filimuyo anakaitsukira ku France pozemba lamulo. Tatsuya Fuji anakhala kanthawi osaoneka m'mafilimu, kenaka anabwerera n'kupitiriza ntchito yolemekezeka mpaka ukalamba. Eiko Matsuda, amene ananyamula filimu yonseyo, anangosewera m'mafilimu ochepa pambuyo pake n'kusiya.

Ndiye palibe akazi amene anaoloka?

Alipo, ndipo kuoloka kwawo kunali kovuta kuposa kwa amuna. Kazuko Shirakawa anasewera mu Fukushu suru wa ware ni ari ya Shohei Imamura mu 1979 ndipo anakhala nkhope yodziwika pa wailesi ya kanema. Junko Miyashita, wa mu Akai kami no onna ya Tatsumi Kumashiro ya mu 1979, analandira mphoto zikuluzikulu akadali ku Nikkatsu ndipo anapitiriza kusewera m'mafilimu wamba kwa zaka zambiri. Jun Miho anatchuka ndi Pink no curtain mu 1982, ndipo kuyambira 1984 analowa mu Otoko wa tsurai yo, mndandanda wa mafilimu a banja lonse, ngati Akemi, mwana wa mwini fakitale yoyandikana nayo. Ena, monga Naomi Tani, anasankha kupuma ali pachimake, iye mu 1979.

Onani kuti ambiri mwa amene anaoloka anadzera ku Nikkatsu, komwe olemba za mafilimu m'manyuzipepala ankaonera ndi kulembako. Akazi a makampani aang'ono, amene ankasewera limodzi ndi Osugi, ambiri mayina awo anathera komweko.

Ndani ena anadutsa njira yomweyi?

Mwa osewera, Yukijiro Hotaru anali wofufuza milandu woseketsa, wodziimira payekha, m'mafilimu a Takita a Chikan densha asanakhale Inspekitala Osako mu Gamera ya mu 1995. Morio Kazama anasewera ku Nikkatsu asanatchuke ndi Kamata koshinkyoku mu 1982.

Mwa madairekitala mndandanda ndi wautali. Takita anapata Oscar mu 2009 ndi Okuribito. Suo anapanga Shall We Dance? mu 1996, momwe anapatsanso Osugi kambali, ndipo filimuyo inapangidwanso ku America mu 2004. Kurosawa anayamba ndi Kandagawa inran senso mu 1983. Palinso Ryuichi Hiroki ndi Takahisa Zeze, ndipo ku Nikkatsu kunachokera Shusuke Kaneko ndi Hideo Nakata wa Ringu.

Anamwalira bwanji?

Ankajambula mndandanda wachiwiri wa Byplayers, sewero la pa TV Tokyo momwe akatswiri a mbali zothandizira amasewera ngati iwo eni. Mndandanda woyamba wa mu 2017 unali ndi anthu asanu ndi mmodzi: Osugi, Matsushige, Kenichi Endo, Tomorowo Taguchi, Ken Mitsuishi ndi Susumu Terajima. Pa 20 Febuluwale 2018, atamaliza kujambula m'chigawo cha Chiba ndi kudya chamadzulo ndi anzake, anamva kupweteka m'mimba ali kuhotela. Matsushige anathamangira naye kuchipatala pa takisi. Anamwalira m'bandakucha wa pa 21 ndi matenda a mtima adzidzidzi. Opanga sewerolo analembanso magawo otsala kuti alimalize ndi zimene anali atajambula kale.

Filimu yomaliza imene anaitsogolera monga wosewera wamkulu, Kyokaishi ya Dai Sako, inatuluka mu Okutobala 2018. Analinso pulojusa wake. Akusewera m'busa woyendera akaidi asanu ndi mmodzi oyembekezera kunyongedwa, ndipo pafupifupi filimu yonse ikuchitikira m'chipinda chimodzi, anthu awiri ali patebulo.

Njira imeneyi ikadalipo kwa wosewera wa lero?

Yatsala kanjira. Nyumba za sinema za akuluakulu zatsala zochepa kwambiri, yodziwika bwino ndi Ueno Okura ku Tokyo, ndipo Okura, kampani imene inapitiriza kutulutsa mafilimu atsopano nthawi ndi nthawi, inasiya filimu ya 35mm n'kupita ku makamera a digito pakati pa zaka za m'ma 2010. Kusinthaku kunachotsa mwambo wa filimu yoyeza, chifukwa pa digito kubwereza gawo sikudya ndalama, kumangodya nthawi. Mbali zambiri za akazi tsopano zimaseweredwa ndi ochokera ku AV. Nikkatsu inayesa kudzutsa Roman Porno mu 2016 ndi mafilimu asanu a madairekitala odziwika, mwa iwo Nakata ndi Sion Sono, koma inali ntchito yapadera, osati fakitale yotulutsa mwezi ndi mwezi ngati kale.

Wachinyamata wofuna kulowa m'mafilimu lero amadzera kusukulu za mafilimu, mafilimu odzipangira, zotsatsa malonda ndi masewero a usiku a pa wailesi ya kanema. Kajambulidwe ka magawo achikondi nakonso kakusintha: kuyambira cha m'ma 2021 mafilimu ena a ku Japan anayamba kulemba munthu wapadera woonetsetsa kuti wosewera wavomereza chilichonse chimene achite ndi kuonetsa, ntchito imene m'nthawi ya Osugi kunalibe.

Wofuna kumuonera ayambire pati?

Yambani ndi Sonatine, mutsatize Hana-bi, kenaka Kyokaishi. Awiri oyambawa amapezeka ndi mawu omasulira m'Chingelezi, ndipo Kyokaishi kunja imadziwika kuti The Chaplain. Cure ndi yabwino kuona mmene amagwirira mbali ya mphindi zochepa. Audition musaionere ndi ana kapena mukudya.

Mwa mafilimu a pinku, wosavuta kupeza kunja kwa Japan ndi wa Suo uja, wogulitsidwa pa dzina lakuti Abnormal Family. Ndi wa azaka 18 kupita m'tsogolo. Musanauonere, onerani kaye filimu imodzi ya Ozu momwe muli Chishu Ryu, monga Banshun ya mu 1949 kapena Tokyo monogatari ya mu 1953, apo ayi theka la zimene Osugi akuchita likudutsani.